Call-out ya pa Chisanu: nkongole si mlandu wa ma cells

Pali liu limodzi limene aliyense wokhala mu komboni analimvapo, kaya ni kuno kwathu ku Chainda, ku Mtendere, ku George olo ku Kanyama: "Nizakumangisa!" Ba landlord amalikamba lendi ikapitilila miyezi iwili. Amai a chilimba amalikamba mnzao akadya ndalama n'kuleka kusonkha. Wa kaloba yeve sataya nthawi na kukuwa. Mumangoona mwana wafika pakhomo na kapepala kopinda kali na chidindo, ati mufunika ku polisi pa Chisanu 15 hours. Kapepala aka dzina lake mulidziwa, ni call-out.

Imwe amene muwelenga, mwina munakalandilapo. Mwina ndimwe munapita kukakatenga kuti mnzanu aone moto. Mbali iliyonse imene muli, khalani pansi tikambilane, chifukwa chizolowezi chonyamula nkhani za nkongole na mapangano n'kupita nazo ku polisi chimatidyela ndalama zambili kupambana nkongole zimene timalimbilana.

Mlamu wanga ni welder. Ali na kashedi ka malata m'mbali mwa msewu, makina amodzi, grinder imodzi na mufana mmodzi womuthandiza. Mu 2024 anapangana na bambo wina wa kumayadi kuti amupangile geti ya K6,000. Bamboyo anapeleka K3,500 poyamba, mlamu n'kugula zitsulo, n'kudula, n'kuyamba felemu. Chaka chija muchikumbukila. Mvula inakana, mu February boma linalengeza kuti chilala ni tsoka la dziko lonse, madzi ku Kariba anatsika, ndipo malaiti anali kubwela maola ochepa chabe, nthawi zambili pakati pa usiku. Welder wopanda malaiti ali monga minibus yopanda mafuta. Geti yofunika kutha m'masabata awili inafika mwezi na hafu ikali felemu.

Call-out inabwela pa Chinai, ati afike mawa lake masana. Anasamba, anavala shati yabwino, anapita yekha poganiza kuti akafotokoza n'kubwelela ku nchito. Pofika 18 hours anali atavula lamba na nsapato, ali mkati. Mlongo wanga ananitumila foni akulila. Nitafika na NRC na ID ya ku nchito kuti nimusainile bond, ofisa wa pa desiki ananilandila bwino, osakalipa. "Bakamba, iyi nkhani ni yosavuta," anatelo. "Kambisanani na ba complainant. Bakalandila ndalama zao, muntu wanu azagona kunyumba." Nitafunsa mlandu umene amulembela, ati obtaining. Nitafunsa za bond, ati amene asaina achoka, azabwela pa Mande.

Mlamu anagona mausiku awili pa simenti. Pa Sondo masana anatuluka, pambuyo pakuti mlongo wanga wasiya grinder kwa wa kaloba n'kutenga K2,000 yobweza K3,000 pakutha kwa mwezi. Ndalamayo inapelekedwa kwa mwini geti pa desiki pomwepo, ndipo mlamu anasaina pepala kuti K1,500 yotsala adzaibweza m'masabata awili. Ku khoti nkhaniyo siinafike, ndipo liu lija la obtaining sitinalimvenso.

Manje welengani masamu. Bambo uja anapeza ndalama zake mwapang'onopang'ono, koma geti sanaipeze, anakayambanso na welder wina pa mtengo wokwela. Mlamu anatsala na felemu imene palibe anaifuna, grinder ili m'nyumba ya munthu wina, ndipo nkongole ya K3,500 inasanduka K4,500. Mufana womuthandiza anakhala pakhomo miyezi iwili. Amene anaseka pa nkhani yonseyi ni wa kaloba yekha.

Ambili a ise timaganiza kuti mlandu ni mlandu basi, koma lamulo limaigawa pawili. Pali milandu monga kuba, kumenya munthu, kugwilila na kupha. Iyi boma ndilo limakuimbani mlandu, ndipo apolisi ndiwo amafufuza. Palinso mikangano ya anthu awili amene anapangana chinthu, wina n'kulephela. Iyi ndiyo maloya amati civil, ndipo wodandaula amapita nayo yekha ku khoti. Kulephela kubweza nkongole kuli m'gulu lachiwilili. Momwemo muli lendi yochedwa, geti yochedwa, telala amene sanamalize madilesi a kitchen party, na mnzanu amene anatenga foni ati azalipila pa month end.

Nanga obtaining ija ichokela kuti? Ili mu Section 309 ya Penal Code, ndipo ni mlandu weniweni, wotenga ndalama kapena katundu wa munthu mwa bodza n'cholinga chomubela. Chilango chake chingafike zaka 3 m'ndende. Koma Section 308 imafotokoza bodza limene likambidwa apa. Liyenela kukhala chinthu chimene munthu anakamba kapena kuonetsa panthawi yotenga ndalama, iye akudziwa kuti si choona. Funso lonse lagona pa tsiku limene ndalama inachoka m'manja mwanu. Kodi tsiku limenelo anali kudziwa kale kuti akunamizani? Amene wakugulitsani plot ku Chongwe imene si yake, na mapepala ofoja, uyo thamangani naye ku polisi lelo lomwe. Chimodzimodzi amene asonkhetsa achinyamata ndalama ati azawalowetsa nchito imene kulibe. Koma welder amene anagula zitsulo n'kuyamba nchito, malaiti n'kumugwetsa, sanakunamizeni. Walephela, ndipo ayenela kukubwezelani, koma njila yake ni ya ku khoti.

Nkhaniyi siinayambe dzulo. Mu 1984 Zambia inalowa m'pangano la United Nations lochedwa International Covenant on Civil and Political Rights, ndipo Article 11 ya panganolo imaletsa kuika munthu m'ndende chifukwa chabe chakuti walephela kukwanilitsa pangano. Article 13 ya Constitution yathu imateteza munthu kuti asamangidwe popanda chifukwa chololedwa na lamulo. Section 33 ya Criminal Procedure Code ikamba kuti munthu akagwidwa popanda warrant, ndipo zaoneka kuti sangafikitsidwe ku khoti m'maola 24, mkulu wa polisiyo afunika kuona nkhaniyo n'kumutulutsa pa bond ngati mlandu wake si waukulu. Police bond ni yaulele, simufunika kulipila olo ngwee imodzi. Mu 2021, pamene President Hakainde Hichilema anaika ba Lemmy Kajoba kukhala Inspector General, anauza apolisi kuti aziyamba kufufuza asanagwile munthu. Akuluakulu a polisi naonso akamba kangapo poyela kuti ofisa si wotolela anthu nkongole.

Mukadziwa izi, mudzamvetsa chifukwa chake ma call-out a nkongole amakonda Chisanu masana. Pa Chiwelu na pa Sondo makhoti ni otseka. Amene wakonza zimenezi alibe cholinga chokufikitsani kwa majisitileti, kumene nkhani yake ingagwe. Afuna fungo la ma cells ligwile nchito pa abale anu, kuti mkazi alile, amai agulitse mbuzi kumudzi, ndalama ituluke.

Manje tiyeni tikhale achilungamo kwa amene anakongoletsa, chifukwa naye ali na chilonda. Amai anga aang'ono ali na kantemba, agulitsa makala, kapenta na saladi yoyeza m'mapulasitiki. Buku lao la nkongole ni lonenepa kupambana chikwama chao. Munthu amene ali na K400 yao amadutsa pakhomo madzulo na botolo m'manja, n'kupatsa moni monga kulibe nkhani. K400 imeneyo ni oda ya mawa ku Soweto Market. Mtima umawawa, mwandi. Polisi ili pafupi, mungafike na mendo. Khoti timaiona monga malo a anthu a masuti na Chizungu chovuta. Ndiponso tonse tinaonapo kuti ofisa akaitana, munthu amene anali kubisala miyezi isanu amapeza ndalama tsiku limodzi. N'chifukwa chake sinimuseka munthu amene waganizapo zopita ku polisi.

Koma chida chimenechi chimamvela amene ali na mphamvu. Nkhani ya ka fuel na ka talk time muidziwa, sinifunika kuitambasula. Pamene ofisa wavomela kugwila nchito imene si yake, kawilikawili pamakhala chimene chamukopa, ndipo amene angakwanitse kumukopa ni uja ali na thumba lolema. Yang'anani m'mawa-mawa anthu a ku Chainda pamene ayenda pansi kupita ku Avondale, ku Ibex Hill na ku Salama Park kukagwila nchito za m'nyumba, za m'dimba na zaulonda. Mu January 2024 malipilo otsikitsitsa a wanchito wa m'nyumba anaikidwa pa K1,300 pa mwezi. Mai wotele akafunsa ndalama zake za miyezi itatu, mawa lake mumamva kuti foni ya madam yasowa. Apa amene akongola mnzake ni madam. Nanga amene agona mu cells ni ndani? Tikavomela kuti polisi izitolela nkongole, tavomelanso kuti izigwilitsidwa nchito kutseka pakamwa amene afunsa zake.

Pali chinanso chimene timataya. Ofisa amene wakhala masana onse akuwelengela chiwongoladzanja cha munthu, ni yemwe uja timafuna usiku pamene ma junkie atseka njila yochokela ku sitesheni. Ndipo tikambe zoona, aliko apolisi ambili amene amakana. Amakuuzani kuti, "Mai, iyi ni civil, yendani ku court." Ise timatuluka tikunyinyilika ati ofisa uyu adyetsedwa, chonsecho ndiye wagwila nchito yake molongosoka.

Nanga ndalama yanu muipeza bwanji? Kwa ise a ku Chainda, Local Court ya ku Chelstone siili kutali. Kumeneko kulibe maloya, mumakamba mwekha, m'Chinyanja chomwechi. Mumalipila kandalama ka samani, mnzanu n'kuitanidwa, aliyense n'kufotokoza mbali yake na mboni zake. A ku Matero, ku Chawama na ku Kanyama naonso ali na makhoti otele kwao. Palinso Small Claims Court, imene inayamba kugwila nchito mu 2009 kaamba ka nkhani monga izi, nkongole, lendi, katundu wosalipilidwa na nchito yosamalizidwa. Kwa zaka zambili malile ake anali K20,000, koma mu 2023 anakwezedwa kufika K75,000. Naku komwe maloya saimilila munthu. Mumaima pamaso pa commissioner na mapepala anu, mnzanu na ake.

Sinikunamizani kuti khoti imathamanga. Mungapite kawili katatu, mnzanu osabwela, tsiku n'kusinthidwa. Koma chigamulo cha khoti chili na mano. Munthu akakana kulipila, khoti ingatume ma bailiff kukatenga katundu wake n'kugulitsa. Pansi pa Debtors Act, amene angathe kulipila koma akana dala kumvela chigamulo angatumizidwe kundende, ndipo amene alamula zimenezo ni khoti, pambuyo pomumva. Kapepala kosainidwa pa desiki ya polisi munthu ali wosavala nsapato kalibe mphamvu zotele. Akalephela kulipila, mubwelelanso kwa ofisa yemwe uja na ka fuel kena.

Ba landlord, Rent Act ikukhudzani. Kuchotsa munthu m'nyumba kapena kugwila katundu wake kaamba ka lendi kufuna chilolezo cha khoti. Kuchotsa chitseko, kuzula malata, kutaya mapoto panja mvula ikugwa, olo kubwela na ofisa kuti aopseze, zonsezi zingatembenuke n'kukhala mlandu wanu, uja wa lendi n'kukhala wodandaula. Imwe a kaloba, Money-lenders Act ifuna kuti wochita bizinesi yokongoletsa ndalama akhale na laisensi, ndipo chiwongoladzanja chopitilila 48% pa chaka khoti imachiona kuti n'chopyola muyezo. K2,000 yobweza K3,000 pa mwezi ni 50% pa mwezi, kutanthauza 600% pa chaka. Apa mwaona chifukwa chake wa kaloba amakonda desiki ya polisi kupambana benchi ya khoti. Imwe amene abwana akukanizani malipilo, pitani ku ofesi ya Labour, ndipo Employment Code Act ya 2019 ndiyo imene idzawelengedwa kumeneko.

Ngati call-out yafika pakhomo panu, musathawe, musaing'ambe. Kuthawa kumapatsa mnzanu mau akuti ndinu wakuba. Pitani m'mawa, ngati n'kotheka tsiku la pakati pa sabata, pamene akuluakulu ali mu ofesi. Musapite mwekha. Tengani munthu wachikulile amene ali na NRC ndipo adziwika kumene akhala na kumene agwila nchito, kuti zikavuta akusainileni bond. Nyamulani zonse zoonetsa kuti panali pangano, monga malisiti a zitsulo, mauthenga a WhatsApp, ma message a Airtel Money kapena MTN, na zithunzi za nchito imene munayamba. Mukafika, funsani mwaulemu kuti, "Ba officer, mulandu wanga ni chani?" Vomelani nkongole ngati ilipo, fotokozani kuti ni nkhani ya pangano ndipo ndinu wokonzeka kukaiyankha ku khoti. Musatukwane, musakankhane na munthu, chifukwa pamenepo mumawapatsa mlandu weniweni umene analibe. Musasaine pepala limene simunawelenge, kapena lolonjeza ndalama imene mudziwa kuti simungaipeze. Mbale wanu alembe dzina la ofisa, nambala yake, tsiku na nthawi imene mwalowa.

Akakutsekelani ndithu, abale asayambe na kuthamangila kwa wa kaloba. Ayambe apempha kuonana na officer in charge. Ngati ni pa police post, apite ku sitesheni yaikulu imene iyang'anila post imeneyo. Legal Aid Board ilipo kaamba ka anthu amene sangakwanitse kulipila loya. Human Rights Commission, imene inakhazikitsidwa mu 1996, imalandila madandaulo a anthu osungidwa mu cells mopyola nthawi. Police Public Complaints Commission, imene ili mu Constitution kuyambila 2016, nchito yake ni kufufuza madandaulo a anthu pa zochita za apolisi. Ngati wina wapempha ndalama kuti bond ituluke, iyo ni nkhani ya Anti-Corruption Commission. Munthu amene anatsekeledwa popanda chifukwa chololedwa angathenso kusuma ku khoti n'kupempha chipukuta misozi, ndipo amene anamunamizila mlandu angapezeke naye aitanidwa kukayankha. Ambili timatuluka mu cells n'kungoti Mulungu aona, n'kukhala chete. Chete wathu ndiye amapatsa mphamvu ofisa uja kuti pa Chisanu chamawa alembenso call-out ina.

Imwe amene muli na nkongole ya munthu, musanyamule nyuzi iyi n'kupita nayo kwa amai a pa kantemba ati onani, simunganimangise. Zoona sangakumangiseni, koma ndalama ni yao, ndipo ana ao adya pa ndalama imeneyo. Anthu ambili amene amathamangila ku polisi amayamba apilila. Chimene chimawapsetsa mtima ni foni yozimidwa na munthu wokhota njila akawaona. Ngati mulibe yonse, pitani na K50, mukhale pansi, mukambe tsiku la ina. Welder, telala na bilikileya, nchito ikachedwa muitaneni mwini wake abwele aone na maso pamene yafika, asanayambe kuganiza kuti ndalama munamwela.

Ndipo tisanafike konseko, tiphunzile kulemba. Timaopa pepala ati tizaoneka monga sitikhulupilila mnzathu, koma pepala ndilo limasunga ubale. Mukapatsa munthu nchito kapena ndalama, lembani zingati, za chani, tsiku lomaliza, na chimene chidzachitika zinthu zikasintha, monga mtengo wa simenti ukakwela kapena malaiti akavuta. Nonse awili musaine, mboni isaine, aliyense ajambule pepalalo pa foni yake. Ndalama yaikulu itumizeni pa mobile money kuti pakhale chizindikilo. Pa nchito ya manja musapeleke yonse kamodzi, gawani katatu, pa zipangizo, pakati pa nchito na pomaliza.

Month end ili pafupi, ndipo magulu a chilimba akumana m'makomboni onse. Mukapita ku lanu, nyamulani buku la exercise na bopeni. Musanasonkhe olo kwacha imodzi, lembani maina onse, mndandanda wa kudya, na chimene gulu lidzachita wina akadya n'kuleka kusonkha. Wina akafunsa kuti bukuli n'la chani, muuzeni kuti n'lakuti pa Chisanu aliyense azigona kunyumba kwake.